Wofundira Mpando

Tiyanjane Matewere anatuluka m'chikepe atanyamula katoni ya mabuku ake, jekete lake likudontha mvula ya Novembala. Anapatsa moni anzake awiri pa makina a fotokope, iwo n'kuyankha mofulumira maso ali pansi. Atakhota kulunjika pa desiki yake ya pawindo, anapezapo Medson Kamwendo atakhala chotsamira, tayi yofiira pakhosi, akusenda nthochi.

"Aa, achemwali! Takulandirani," anatero Medson. Sanadzuke. Analoza ndi nthochiyo kampando ka alendo. "Khalani apo. Mwaonana nawo kale a Boyd?"

"Ndionane nawo bwanji ndisanatule katundu? Tasunthani, achimwene, manja atopa."

Medson anaseka kaseko kopyapyala, n'kupinda khoko la nthochi bwinobwino ngati chikalata chofunika.

"Kaonaneni nawo kaye. Zinthu zinasintha pang'ono. Koma ndi za maofesi basi. Nothing personal."

A Boyd, amene anali bwana wa gawolo, anamulandira ataimirira, envulopu ili kale m'manja. Anayankhula nthawi yaitali za mmene amayamikirira ntchito yake, maso awo akuyendayenda pakati pa wotchi ndi chitseko. Mfundo yake inali yaifupi. Udindo wake unalengezedwa mu Seputembala, Medson anapambana pa intavyu, ndipo tsopano anali wokhazikika. Tiyanjane amulemba m'gulu la antchito otsalira. Akapanda kumupezera malo ena m'miyezi isanu ndi umodzi, ntchito ya boma yatha.

"Nanga pangano lija tinasainirana?" anafunsa Tiyanjane. "Likunena kuti ndidzabwerera pa udindo wanga."

"Tinamva kuti ulibe maganizo obwerera," anayankha a Boyd.

"Munamva kwa ndani?"

A Boyd anati nkhani imeneyo ikayankhidwa ndi a ku ofesi yolemba anthu ntchito.

Tiyanjane anali atagwira zaka zisanu ndi ziwiri mu unduna umenewo, pakatikati pa Toronto, akukonza ziwerengero za okalamba odikira malo m'nyumba zowasamalira. Mu 1993 bungwe lina la boma lomwelo linamubwereka kwa zaka ziwiri, kenako linaonjezera miyezi isanu ndi umodzi, a Boyd atavomera pa foni. Pochoka, panafunika munthu womugwirizira malo.

Nthawi imeneyo Medson ankalondera magalimoto pa malo oimikapo ku Scarborough, digiri yake ya ku Zomba ili m'sutikesi. Anali atagona miyezi inayi pa sofa ya Tiyanjane ndi mwamuna wake Luke, akudya chilichonse chimene chaphikidwa, n'kumadandaula kuti mchere wachepa. Tiyanjane ndiye anamulembera kalata yofunsira ntchito, n'kumuyeseza mafunso masiku atatu pa tebulo lodyera. Luke anamubwereka suti. Tsiku limene anamulemba ntchito, Medson anagwada pa kapeti, misozi ili mbwembwembwe, n'kunena kuti Tiyanjane ndi mayi ake a ku Canada.

Madzulo a tsiku lomwe a Boyd anamubwezalo, Tiyanjane anakwera sabuwe, sitima ya pansi pa nthaka, mpaka ku siteshoni ya Kennedy katoni ija ili pamiyendo. Atafika kunyumba anaiika pa sofa.

"Akukaniza desiki?" anafunsa Luke, amene anali atangofika kuchokera ku chipatala kumene ankagwira ntchito yojambula odwala.

"Andikaniza ntchito. Mlendo wanu uja ndiye mwini wake tsopano."

Luke anapukusa mutu. "Suti yanga ija sanabwezenso, ukudziwa?"

M'mawa mwake Tiyanjane anapita ku yuniyoni, bungwe loimira antchito, kukalembetsa dandaulo. A yuniyoni anaipereka nkhani yake kwa loya wina wamfupi dzina lake Christabel, mayi wochokera ku Trinidad amene ankawerenga mapepala akutafuna pensulo. Patapita milungu itatu, Christabel anamuitana n'kumuikira pepala limodzi patsogolo. A unduna anali atalipereka ngati umboni wawo.

Inali kalata ya Medson yopita kwa a Boyd, ya pa 10 Julaye. Inkanena, m'Chingelezi chodzikometsera, kuti Loweruka lapitalo Mayi Matewere analengeza pagulu kuti sadzabwereranso ku unduna, ndipo iyeyo anaona kuti ndi udindo wake kudziwitsa akuluakulu kuti ntchito ya boma isasokonekere.

"Unanenadi zimenezi?" anafunsa Christabel.

Tiyanjane anakumbukira. Linali tsiku limene Amalawi ndi Azambia ankaotcha nyama ku paki ya m'mbali mwa nyanja. Wina anamufunsa ngati wasowa ofesi yake yakale, iye n'kuyankha akuseka kuti ngakhale atamukoka ndi thirakitala sangabwerereko. Anthu anaseka. Medson anaseka kuposa onse, mbale ya nkhuku imene Tiyanjane anamuikira ili m'manja.

"Ndinanena. Kunali kucheza."

"Pa pepala nthabwala sizioneka," anatero Christabel. "Ndipo miyezi yoonjezera ija palibe amene anasainira. Iwo akuti unapitirira nthawi, ndipo unanena wekha kuti wasiya. Ndikufuna china chake chosonyeza kuti ankadziwa kuti ukubwera. Munkalemberana?"

Tiyanjane anaseka mopanda chisangalalo. Tsiku lotsatira anabwera ndi fayilo yonenepa ya mapepala a fakisi, ena atayamba kale kufufuma. Zaka ziwiri ndi theka zonsezo, mwezi uliwonse lipoti likayandikira, Medson ankamutumizira matebulo ake osokonekera kuti amukonzere. Pansi pa pepala lililonse ankalembapo mawu ochonderera m'Chichewa, kuti mlembi wa ofesi asamve.

Nkhani inafika ku tchalitchi isanafike ku bwalo. Gulu lawo la Amalawi ndi Azambia linkapemphera masana a Lamulungu m'chipinda chapansi cha tchalitchi china cha azungu ku Scarborough, anthu okwana makumi anayi akabwera onse. Kumeneko ndi kokhako kumene Tiyanjane ankaimba nyimbo za kwawo mokweza, ndiponso kumene ankapeza wogulitsa usipa ndi wodandaula naye za chisanu. Mapemphero atatha, wapampando wa gululo, a Boniface Njobvu, Mzambia wa ku Katete, anamukodola kuti apite nawo ku khitchini. Anapezako Medson atakhala manja ali pamaondo, nkhope ataigwetsa ngati wodwala mutu.

"Amai Matewere," anayamba a Njobvu, "ise pano ndise ochepa. Manje tikayamba kupelekana ku makhoti, azungu azatiganizila bwanji? Nkhani iyi isile pamene pano, ngati abale."

"Ithe bwanji, bambo?"

"Muchotse dandaulo. Imwe ndimwe ophunzila maningi, nchito muzapeza kwina. Uyu mbale wanu ali na banja, akazi ake ni oyembekezela."

"Ndiye kuti ine ndilibe banja? Kapena mukuti zaka zanga zisanu ndi ziwiri ndimupatsenso, monga ndinamupatsira sofa?"

Medson anakweza mutu. "Achemwali, ine sindinafune zimenezi. A Boyd ndi amene anandikakamiza kuaplaya. Ndikanakana akanaika mzungu. Kuli bwino mpando uli ndi Mmalawi."

"Unali ndi Mmalawi kale, a Kamwendo."

Aka kanali koyamba kumutchula choncho. Medson anaphethira.

"Tandiuzeni chinthu chimodzi," anapitiriza Tiyanjane. "Kalata ija munailemba mutasamba m'manja, kapena mafuta a nkhuku yanga anali adakalipo?"

"Kalata iti?" anafunsa a Njobvu.

"Afunseni. Amalemba bwino masiku ano."

A Njobvu sanafunse. Anayamba kunena za kukhululuka, mawu awo akukwera ngati ali pa guwa. Tiyanjane anatsuka kapu yake ya tiyi, n'kuipukuta, n'kuibwezera m'kabati, n'kutuluka iwo asanamalize.

Kuyambira pamenepo moni unayamba kuchepa. Amayi ena ankati Tiyanjane wadya kwambiri za Chizungu. Ena ankati mkazi wokokera mwamuna wa mwini ku khoti ali ndi chifukwa china chimene sakunena. Medson anasankhidwa kukhala mlembi wa gulu, ndipo ankawerenga zolengeza atavala suti ya Luke, imene tsopano inkamuthina pamimba.

Miyezi isanu ndi umodzi inatha mlandu usanamvedwe. Tiyanjane anabweza chitupa cholowera mu ofesi. Anayamba kugwira maganyu a masiku atatu pa sabata ku Hamilton, kuthandiza pulofesa wina kukonza ziwerengero, akudzuka mbandakucha kuti apeze basi ndi sitima. Tsiku lina Luke anamufunsa ngati sikwabwino kungozisiya.

"Mukufuna ndisiye?"

"Ayi. Ndikungoona mmene waondera."

"Ndidzanenepa tikamaliza."

Mlandu unamvedwa mu Juni, ku bwalo loona madandaulo a antchito a boma. Panalibe mikanjo kapena mawigi. Chinali chipinda wamba chokhala ndi tebulo lalitali, jagi ya madzi, ndi woweruza, mayi wa imvi amene ankalemba chilichonse ndi dzanja. A Boyd anapereka umboni m'mawa. Anati sakukumbukira zoti anavomera pa foni kuonjezera miyezi ija. Zambiri sankazikumbukira, kupatula kuti Medson anachita bwino kwambiri pa intavyu.

Masana anaitana Medson. Analumbira mokweza, dzanja lili pa Baibulo, chifuwa atachitulutsa. Loya wa unduna atamufunsa, anafotokoza za ku paki kuja ngati munthu amene mtima unamupweteka kumva mawuwo. Anati kuyambira tsiku limenelo sanakayikirenso kuti Mayi Matewere anasiya udindo wawo. Anaonjezera, popanda womufunsa, kuti ntchito ya gawolo inayenda bwino kwambiri chilowereni iye.

Christabel anaimirira pang'onopang'ono, n'kuchotsa pensulo m'kamwa.

"Bambo Kamwendo, malipoti a mwezi ndi mwezi munkakonza nokha?"

"Ndekha."

"Palibe amene ankakuthandizani?"

"Mwina kufunsana apa ndi apo, monga antchito anzako."

Christabel anamupatsa pepala limodzi la fakisi, lina n'kupereka kwa woweruza. "Nambala ili pamwambayi ndi ya ofesi yanu? Nanga tsiku likuti chiyani?"

"Pa 22 Ogasiti."

"Milungu isanu ndi umodzi mutalemba kalata yanu ija. Zolemba pamanja zili m'munsizi ndi zanu?"

Medson analiyandikitsa pepalalo kumaso, n'kulitalikitsanso. "Zikufanana ndi zanga."

"Ndi zanu kapena ayi?"

"Ndi zanga."

"Ife chilankhulo chimenechi sitimva. Tawerengani mokweza mmene zalembedwera, kenako mutiuze tanthauzo lake."

Medson anamwa madzi. Anawerenga ndi mawu otsika, moti woweruza anamupempha kuti abwereze. Ndipo m'chipinda chija cha pakati pa Toronto munamveka Chichewa:

"Achemwali, tebulo lachitatu landikanikanso. Chonde ndikonzereni a Boyd asanaone. Ine pano ndikungokufundirani mpando. Bwerani msanga mu Novembala mudzandipulumutse, mutu wanga si wa zimenezi."

Tiyanjane anayang'ana jagi ya madzi. Luke, amene anakhala kumbuyo, anatsokomola.

"Tanthauzo lake?" anafunsa Christabel.

"Ndi moni chabe," anatero Medson. "Kwathu timapatsana moni wautali."

"Moni wonsewo? Ndamvamo dzina la a Boyd, ndamvamonso Novembala."

"Mawu ena ndi ovuta kuwamasulira. Ndi za chikhalidwe."

Woweruza anaika cholembera pansi n'kumuyang'ana pamwamba pa magalasi. Anamuuza modekha kuti angathe kuimitsa mlandu n'kuitana womasulira wolumbiritsidwa, koma womasulirayo akadzanena zosiyana ndi moni, iye adzafuna kudziwa chifukwa chake mboni inanena choncho italumbira.

Medson anamasulira. Chingelezi chake chokometsera chija chinamuthawa. Anamasulira liwu limodzilimodzi, thukuta likutsikira m'kolala. Atafika pa kufundira mpando anaima kaye, n'kufotokoza kuti zili ngati nkhuku ikakhalira mazira.

"Mazira a mwini?" anafunsa Christabel.

"Inde."

"Ndipo chiganizo chomalizacho?"

Medson anayang'ana a Boyd. A Boyd ankayang'ana kudenga.

"My head is not for these things," anatero Medson.

Woweruza analemba. Christabel anatsegula fayilo n'kunena kuti ali ndi mapepala ena makumi awiri ndi asanu ndi anayi otere, ngati mboni ili ndi nthawi. Loya wa unduna anapempha kuti apume kaye.

Panja pa chipindacho Medson anamupeza Tiyanjane pa mpopi wa madzi akumwa. Nkhope ya Medson inali itatuwa.

"Mwandivula pamaso pa azungu," ananong'ona. "Zija zinali za pakati pa ife awiri."

"Za ku paki zija zinali za pakati pa ndani?"

"Ine ndinkaopa kubwerera kolondera magalimoto. Simukudziwa kuzizira kwake m'kanyumba kaja."

"Ndikudziwa. Ndine ndinakuchotsanimo."

Tiyanjane anapukuta pakamwa ndi chala n'kubwerera m'chipinda.

Chigamulo chinatuluka kumapeto kwa Seputembala, masamba khumi ndi awiri. Woweruza analamula kuti Tiyanjane abwezeredwe pa udindo wake, ndi zaka zake zonse, ngati sanachokepo. Analemba kuti mawu onenedwa pa nyama yootcha si kalata yosiyira ntchito, ndipo unduna unayenera kumufunsa mwini wake. Za umboni wa Medson analembapo mzere umodzi wokha, woti sanaudalire. Medson sanachotsedwe ntchito. Anamusamutsira ku nyumba ina yosungiramo mafayilo akale, kumene kunalibe matebulo oti amukanike.

Lamulungu lotsatira Tiyanjane ndi Luke anapita ku mapemphero monga mwa nthawi zonse. Nyimbo yomaliza itatha, a Njobvu anakweza dzanja kuti anthu asabalalike.

"Abale, Mulungu ni wabwino. Nkhani ija yasila, ndipo palibe amene waluza nchito. Manje nifuna amai Matewere na a Kamwendo abwele kuno kutsogolo, agwilane chanza, tonse tione kuti chikondi chapambana."

Anthu anaomba m'manja. Medson anali atafika kale kutsogolo, nkhope yowala, ngati ndiye wakhululukira wina. Tiyanjane anaimirira n'kuyenda mpaka pomwe anali. Medson anatambasula dzanja.

"Zakale zapita, achemwali. Tonse tinalakwitsa."

"Ine ndinalakwitsa chiyani?" anafunsa Tiyanjane, osakweza mawu.

"Aa, tisabwererenso kumeneko."

"Uzani anthuwa zimene munalemba pa 10 Julaye. Mukanena, ndikugwirani chanza pompano."

Mathilda, mkazi wa Medson, amene anakhala kutsogolo ndi khanda pamiyendo, anatembenukira kwa mwamuna wake. Medson anamwetulira kwa a Njobvu, n'kumwetuliranso kwa gulu lonse, dzanja lidakali m'malere.

"Amai, pano ni pa nyumba ya Mulungu," anatero a Njobvu.

"N'chifukwa chake ndafunsira pano, bambo."

Tiyanjane anadikira. Analiyang'ana dzanja lija mpaka linayamba kutsika lokha, n'kukalowa m'thumba la buluku. Kenako Tiyanjane anatembenuka. Luke anali ataima kale pakhomo, majekete awiri ali pamkono.

Anakwera masitepe n'kutulukira mumsewu. Mphepo inali itayamba kuzizira, masamba ofiira akuuluzika m'mbali mwa msewu. Pa siteji ya basi panalibe munthu. Ataima kanthawi anamva nyimbo ikuyambanso pansi paja, mawu a amayi akutsogolera.

"Ukudziwa kuti kumeneku sitidzabwerakonso," anatero Luke.

"Ndikudziwa."

"Nanga tizikaimba kuti?"

Tiyanjane anatembenukira ku tchalitchi kuja. Anamvetsera nyimboyo mpaka kumapeto kwa ndime, milomo yake ikutsatira mawu mosatulutsa liwu. Basi itatulukira pa ngodya, anapukuta m'maso ndi nsonga ya mpango.

"Tiziimba kunyumba," anatero. "Tiyeni, mawa ndikulawirira ku ntchito."